Malaya a Mfuti

"Bwerezanso! Mwina makutu angawa ndiwo achita ng'ala. Wati ndalama za maso a bambo zili kuti?"

"Zilipo, achemwali, musakuwe. Zangosintha maonekedwe basi."

"Zasintha maonekedwe? Ndalama zasanduka bilimankhwe tsopano?"

Amene ndinkamukalipirayu ndi mlongo wanga, chitsirizira m'nyumba mwathu, munthu wa ndevu zake ndithu. Tonse timamutcha Masamu, chifukwa kuyambira ali wamng'ono ukamutuma kugolosale ankabwerako ndi chenji komanso ulaliki wa mmene wagolosale akutibera. Sukulu anamaliza bwino, satifiketi ili m'felemu pakhoma, koma ntchito ndiye inakana. Tsiku limenelo anali atakhala pampando wa makina osokera a bambo, foni ili m'manja, akundiyang'ana ngati munthu amene akungodikira kuti mvula ikate.

Bambo anali pakhomo, pamene amakonda kukhala chifukwa pamafika kuwala. Anasoka zovala zaka makumi anayi mpaka ng'ala inawatsitsa pamakina. Diso lamanzere linapita kale. Tinachedwa nalo, ng'alayo inakhwima n'kuwononga m'kati. Lamanja linkaonabe zithunzithunzi, ndipo kuchipatala anatiuza mosapita m'mbali kuti limeneli lisadikirenso. Dokotala wa maso amabwera kawiri pachaka, n'kukhala masiku atatu okha. Ulendo uno kunali kutatsala masabata awiri kuti afike, Lachiwiri, n'kudzanyamuka Lachinayi. Ndalama zolipira ndinasonkhanitsa ine kwa miyezi isanu ndi iwiri, pabenchi langa la kaunjika. Ndinkazitumiza dala mufoni ya Masamu poopa kuti zikakhala m'manja mwanga ndidzagulira belo. Ndinasungitsa nyama kwa fisi, fisi wake wa satifiketi.

"Tandionetsa," ndinatero.

Ananditembenuzira foni ija. Pagalasi panali timfuti khumi tojambula, tofanana tonse, topakidwa utoto wobiriwira wamawangamawanga.

"Izi ndi za m'masewera a pakompyuta aja," anayamba ndi mawu ake aja a uphunzitsi. "Mfutiyo aliyense ali nayo, ndi yaulere. Chimene anthu amagula ndi utoto wakewu, tingoti malaya a mfuti. Sawonjezera mphamvu, ayi, ndi zotchenera basi. Koma ali ndi msika wake, mitengo imakwera n'kutsika ngati ya tomato. Tsono eni masewerawo anaika makina. Ukaponyamo malaya khumi a gulu lotsika, amakubwezera amodzi a gulu lapamwamba. Khumi aja apita, sabweranso. Amodzi otulukawo sudziwa kuti akhala ati."

"Ndiye njugatu imeneyo."

"Si njuga. Wanjuga sawerengera. Ine ndawerengera."

"Bambo, mukumva? Maso anu awaveka malaya obiriwira."

Bambo sanaseke. "Ndamva, mwana wanga. Musiye amalize, mlandu suweruzidwa mbali imodzi."

Masamu anapeza mphamvu pamenepo. "Inuyo achemwali mumagula belo lomanga ndi mawaya, osaona m'kati. Tsiku lina mumapezamo majekete, tsiku lina masanza okhaokha. Imeneyo mumaitcha bizinesi. Yanga yokha ndiye njuga?"

Apa anandilasa, ndisaname.

"Belo langa likaipa," ndinatero, "masanzawo ndimagulitsa kwa okolopa ndi amakanika. Ndipo chiyambire sindinagulepo belo ndi ndalama za diso la munthu."

"Nonse khalani chete," anatero bambo. "Masamu, pansi pa makinapo pali chitini cha mabatani. Ine zapagalasi sindiona. Ndiikire masamu akowo m'manja kuti ndiwakhudze."

Masamu anakhuthulira mabatani pathebulo n'kusankha khumi: awiri aakulu a jekete, atatu a thalauza, asanu ang'onoang'ono a shati. Anawaika limodzilimodzi m'chikhatho cha bambo.

"Aakulu awiriwa ndi malaya abwino kwambiri. Akatuluka amenewa, ndalama yathu yabereka kanayi. Atatuwa ndi ongobweza zimene tinaponya. Ang'ono asanuwa ndiwo oipa, timatsala ndi gawo limodzi mwa magawo atatu, mwinanso osakwana. Tsono mukaphatikiza zonse n'kugawa ndi khumi, n'kuchotsa za eni msika, amene amadula khumi ndi zisanu pa zana lililonse, phindu limatsala zisanu ndi chimodzi pa zana. Ndawerengera kanayi, bambo. Ndayang'ananso kutha kwake, chifukwa malaya ena amatuluka ngati atsopano, ena operepeseka, ndipo mtengo umasiyana. Palibe chimene ndasiya."

Bambo anabwezera mabatani khumi aja m'chitini chopanda kanthu, n'kuchikhutchumula pafupi ndi khutu, n'kupisamo zala. Linatuluka laling'ono. Analibwezera, n'kukhutchumulanso. Laling'ononso. Kachitatu linatuluka la thalauza.

"Pitirizani, bambo," anatero Masamu. "Katatu n'kochepa. Mukafika ka zana muona kuti phindu lilipo."

"Ka zana?"

"Eya. Masamu amenewa amaoneka bwino ukachita kambirimbiri."

"Nanga ndalama zilipo zoponyera kangati?"

Masamu anayang'ana pansi. "Kamodzi."

"Ndiye masamu ako ndi oona, mwana wanga, sindikuwatsutsa. Koma ndi masamu a munthu wa matumba zana. Iyeyo akagwa kasanu amadzuka kachisanu ndi chimodzi n'kudzisasa fumbi. Ine diso ndatsala nalo limodzi. Fodya wako ndi amene ali pamphuno, wa pachala ngwamphepo."

Kenako Masamu analankhula motsitsa, ndipo mawu ake anandikhudza ngakhale ndinali nditakwiya.

"Ndatopa kudya thukuta la achemwali, bambo. Chaka chachinayi chino ndikungolemba makalata ofunsira ntchito. Ndimafuna tsiku limodzi lokha ndinene kuti diso ndalipira ine, magalasi ndagula ine, achemwali apumeko. Kodi pamenepo ndalakwa?"

"Mtima sunalakwe," ndinatero. "Zala ndi zimene zalakwa. Gulitsa timfutito pompano, ndalama zibwerere."

"Sizitheka lero. Ukagula, amazitsekera masiku asanu ndi awiri usanagulitsenso. Ndinagula Loweruka, zitseguka Loweruka likubwerali. Komanso ndikagulitsa, eni msika adula gawo lawo lija. Ndalama sizikwana."

"Zoperewerazo ndiwonjezera ine. Iwe lumbira kuti suponya m'makinamo."

Analumbira atagwira dzanja la bambo. Ine ndinakhulupirira, chifukwa Masamu si munthu wabodza, ngakhale lero ndinganene choncho.

Loweruka linafika. Masamu anandipeza kumsika ndikudula mawaya a belo la malaya a ana, makasitomala atandizungulira kale ngati nkhuku zaona madeya. Ndinangoona nkhope yake ndinadziwa kuti kulibe zabwino.

"Wagulitsa?"

"Mtengo watsika, achemwali. Munthu wina anajambula kanema wofotokoza masamu omwewa, ndiye anthu ambirimbiri anathamangira kugula, tsopano onse akuthamangira kugulitsa. Ndikagulitsa lero titaya pafupifupi gawo limodzi mwa magawo anayi. Tidikire masiku awiri atatu, ukwera."

"Gulitsa. Ndati ndiwonjezera."

"Kutaya ndalama dala? Zoona?"

Ndinamukokera kuseri kwa benchi. Belo lija linali lapakatikati, losasangalatsa komanso losaliritsa. Ndinamuonetsa kadiresi kothimbirira kamene kanali pamwamba.

"Waona aka? Ndikasunga kuti mtengo ukwere, kadya malo mwezi wathunthu. Ndikagulitsa motaya lero lomwe, mawa ndaiwala. Bizinesi ndi kudziwa kutaya pang'ono. Ndipo ndalama zanga zimagona m'matumba atatu: la belo, la pakhomo, ndi la tsoka. La tsoka silipita kogula belo ngakhale andiuze kuti muli majekete achikopa okhaokha. Tandiuza, eni masewerawo malaya amenewa amawasoka ndi nsalu yanji?"

"Sasoka. Amangojambula kamodzi."

"Ukamagula amadula?"

"Amadula kwa wogulitsa."

"Iwe ukamagulitsa?"

"Amadula kwa ine."

"Ukaponya khumi m'makina n'kutuluka amodzi, asanu ndi anayi enawo apita kwa ndani? Iwe ndi anzakowo mumakhalira kuwerengera mabatani, iwo chitini ndi chawo. Chitsiru chinaomba ng'oma, ochenjera navina."

Anaseka pang'ono, kuseka kwa munthu wogonja. Anati agulitsa Lachiwiri. Lachiwiri anati Lachinayi. Lachinayi mtengo unali utatsikanso, ndipo anayamba kundizemba. Ine ndinali nditapanikizika ndi msika, kufunafuna zowonjezera zija, ndiye ndinangodalira lumbiro lake.

Masiku amenewo ndinkaganiza kwambiri za anyamata onga iyeyu. Alipo ambiri m'makwalala mwathu, ophunzira, aulemu, osamwa ngakhale mowa. Akanakhala kuti akutchova njuga pansi pa mtengo bwenzi makolo atawathamangitsa ndi ndodo kalekale. Koma izi zimabwera zitavala taye. Zili ndi magome, mizere yokwera ndi yotsika, mawu a anthu a bizinesi. Mwana amakhala m'nyumba mwakachetechete, mutu uli pafoni, iwe kholo n'kumathokoza kuti sayendayenda.

Loweruka lachiwiri, kutatsala masiku atatu kuti dokotala afike, ndinabwerera kunyumba masana kudzawakonzera bambo chakudya. Ndili panjira yolowera ndinamva chiphokoso, mipando ikugwa. Ndinataya thumba n'kuthamanga, ndikuyesa bambo agwa.

Masamu anali pakati pa chipinda akudumpha, foni ili m'mwamba, misozi ili mbwembwembwe.

"Latuluka lalikulu! Achemwali, latuluka la jekete! Kanayi! Kanayi, bambo!"

"Waponya?"

"Mtengo umangotsika, ndinaona kuti ngakhale ndigulitse simukwanitsa kuwonjezera. Ndinawerengeranso, ndinaona kuti njira ndi imeneyi basi. Ndipo taonani!"

Pagalasi panali mfuti imodzi yokha, yabuluu, yonyezimira. Pansi pake panali mtengo umene ine sindinaugwirepo m'manja pakamodzi. Ndinene zoona pano, pakuti ndi zimene zimandiwawa kwambiri: ndinalulutira. Ine yemwe, mlaliki wa matumba atatu, ndinamukumbatira mlongo wanga n'kuvina naye. M'mutu mwanga ndinali nditagula kale mabelo awiri. Lumbiro lija ndinaliiwala ngati silinanenedwepo.

Bambo okha ndiwo sanasunthe pampando wawo. Anadikira mpaka phokoso litazirala.

"Ndasangalala nawe, mwana wanga. Tsono ndalamazo zifika liti m'manja?"

"Lero lomwe, bambo. Ndingoika pamsika, ogula ali mbwee, akulimbirana."

Anagwada pafupi ndi mpando wa bambo n'kuyamba kudinadina. Anadina kamodzi. Anadinanso. Ndinaona kumwetulira kukuchoka pankhope pake pang'onopang'ono. Anabweretsa foni pafupi ndi maso n'kuwerenga timalemba ting'onoting'ono timene tinali m'munsi.

"Chavuta n'chiyani?" ndinafunsa.

"Akuti... akuti nazonso azitsekera. Masiku asanu ndi awiri."

"Si unati zinatseguka sabata yatha?"

"Zimenezo zinali khumi zija. Iyi akuiwerenga ngati yatsopano. Ine ndinkayesa amatsekera zogula zokha. Zing'onozing'ono zimene ndinkayeserera kale sindinkazigulitsa, ndinkangoziponyanso. Sindinaonepo zimenezi."

"Ndiye itseguka liti?" anafunsa bambo.

"Loweruka."

"Dokotala anyamuka liti?"

Tonse tinkadziwa kuti ndi Lachinayi.

Masiku otsatirawo ndinathamanga ngati wamisala. Katundu yense wa pabenchi ndinamugulitsa pamtengo wolira nawo, mpaka anzanga a mumsika ankandifunsa ngati ndikusamuka. Ena ndinawaonetsa chithunzi cha mfuti ija kuti andithandize mpaka Loweruka, koma ndani angatulutse ndalama zake chifukwa cha chithunzi? Mayi wina wogulitsa nsapato anandiyang'ana mwachisoni n'kundifunsa ngati ndikugona mokwanira. Masamu analembera ogula ake a kutali kuti alipiriretu, onse anamuyankha chimodzimodzi: katundu kaye. Anagulitsa nsapato zake ndi jekete lake lofunsira ntchito. Ndinatchula za makina osokera, bambo anakana kwamtuwagalu.

"Ndikaone kuti ndidzaone chiyani, malo pamene panali makina? Ndipo chitsulo chakale ichi angakupatseni zingati?"

Ankanena zoona. Ngakhale tikanagulitsa, sizikanafika.

Lachinayi m'mawa tinapitabe kuchipatala, ine mbali ino, Masamu mbali inayo, bambo pakati atavala shati yoyera imene anasoka okha. Pabenchi panali anthu ambiri achikulire, ena atamatidwa kale thonje padiso, akuseka ndi ana awo. Kalaliki wa pawindo anali mayi waulemu. Anawerenga zimene tinabweretsa, n'kuwerenganso, n'kupukusa mutu.

"Zangopitirira theka pang'ono, mayi. Kagalasi koika m'disomo timachita kugula, ndipo pamndandanda pali anthu amene alipira zonse akudikira malo."

Masamu anatulutsa foni n'kuikankhira pawindo. "Taonani, mayi, ndalama zilipo, zoposa pamenepa kanayi. Loweruka lomweli ndibweretsa, ndilembeni dzina, nditengereni chiphaso changa."

Mayi uja anayang'ana mfuti yabuluu ija, kenako anayang'ana bambo.

"Achimwene, Loweruka dokotala adzakhala ali kutali. Ndiwalemba bambowa poyambirira pa ulendo wotsatira. Ndi miyezi isanu ndi umodzi."

"Nanga disoli lidikira?" ndinafunsa.

"Zimenezo sindingakulonjezeni. Ena limadikira."

Pobwerera ine mkwiyo unali utandithera, kunangotsala kutopa ndi manyazi, chifukwa ndinkakumbukira nthungululu yanga ija. Likanatuluka batani laling'ono ndikanamutukwana Masamu mpaka anthu oyandikana nafe kutuluka m'nyumba. Latuluka lalikulu, ndinavina. Ndiye kuti chimene ndinkadana nacho sichinali njugayo, koma kuluza.

Loweruka m'mawa ndinalibe choti ndikagulitse, ndiye ndinali pakhomo ndikuchapa. Masamu anatuluka m'chipinda chake, maso ali psuu, n'kukagwada pafupi ndi mpando wa bambo.

"Yatseguka, bambo. Mtengo watsikako, koma ikadali katatu. Ndigulitsa pompano, zonse ndipereka kwa achemwali."

"Uchita bwino. Koma usanagulitse, tandipatsa ndiione."

Masamu anazengereza, kenako anawaika foni m'manja. Bambo anaibweretsa pafupi ndi diso lamanja mpaka inakhudza nsidze. Anaitembenuzira uku ndi uku. Kenako anayendetsa chala chachikulu pagalasi paja, mmene ankachitira akamayesa nsalu ya kasitomala.

"Ndikungoona kuwala. Tandifotokozera, ndi yooneka bwanji?"

"Ndi yabuluu, bambo." Masamu anasuzumira pagalasi paja. "Buluu wakuda, wonyezimira. Ili ndi timizere tagolide tokhotakhota kuyambira kumphuno mpaka kuchigwiriro."

"Ndi yokongola?"

"Ndi yokongola."

"Eya. Ikhale yokongola ndithu, mtengo wake ndaudziwa." Anamubwezera foni. "Tsono ndibweretsere chitini chija."

Mabatani khumi aja anali akadali momwemo. Bambo anachigwira ndi manja awiri, osachikhutchumula, n'kuchiika pamiyendo ya Masamu.

"Iwe ndiwe wamasamu m'nyumba muno, ndipo sindikunyoza, mutu uli nawo. Miyezi isanu ndi umodzi, diso limodzi. Undisankhire bwinobwino monga unachitira tsiku lija. Pa mabatani khumiwa, angati akuti ndidzaonanso ulusi ukulowa m'singano?"

Ndinasiya kuchapa, manja ali thovu lokhalokha. Masamu anatsegula chitini, n'kutola batani limodzi, n'kulibwezera. Anatolanso lina.

Bambo anatambasula chikhatho n'kumadikira.